Wotchi ya M'khonde Lachitatu

Ndimafika aphungu atapita,
mipando yobiriwira ikadali yofunda,
mapepala a mabilu ali mbwee pansi.
Ndowa kudzanja ili, chokolopera kudzanja ilo,
ndimalowa m'khonde lachitatu la Nyumba ya Malamulo muno mu London
mmene yaima iyo,
yaitali kuposa mlonda wa pakhomo,
yakuda bii ngati bokosi la maliro loimika,
lilime lake la mkuwa likupita uku, uku,
ngati mutu wa munthu wokana mlandu.

Akuti anaipanga ndi Josiah Tunnicliffe,
mmisiri wa maso ofooka,
amene anadikira malipiro ake zaka zisanu ndi ziwiri
mpaka kutsikira kuli chete komiti isanavomereze.
N'chifukwa chake, akuti, imatsalira mphindi zitatu:
ikudikirabe ndalama za mwini wake.

Akuti moto utanyambita nyumba yakale
anaipeza chilili m'phulusa, ikuwerengabe.
Akuti usiku wa mabomba, pa nkhondo ija,
inalira kakhumi ndi katatu.
Mlonda Fitzroy amalumbira pali mayi ake a ku Jamaica
kuti phungu akanama m'chipinda chachikulu
muvi waufupi umanjenjemera.
Ikakwana thwelofu sadutsapo yekha.

Lachinayi m'mbandakucha amabwera Bambo Pargeter,
kiyi m'thumba la jekete,
mafuta m'kabotolo ka mankhwala a m'maso.
Ndinawafunsa za muviwo.
Anaseka mpaka kutsokomola.
"Mayi, ikanati izinjenjemera pa bodza lililonse
bwenzi mivi itathothoka agogo anga asanabadwe."
Anandionetsa m'mimba mwake:
timagudumu ta mano, chingwe, miyala iwiri ya mtovu,
kangaude wouma,
ndi maina a onse oipukusa, olembedwa ndi pensulo pathabwa,
khumi ndi anayi, lawo lili pansi penipeni.
Kunsi kwa mwendo wakumanzere anakhomerako kobiri lakale,
nkhope ya mfumu itafufutika.
"Pansi pano m'popendekeka," anatero.
"Mukachotsa ili, iima. Matsenga ake ndi omwewo."

Za moto sanakane, sanavomere.
Anangotseka kachitseko n'kupukuta zala.

Ine nthano yanga sindinauzepo munthu.
Ndimaona madzulo ena, kalekale,
azibambo a ndevu akutuluka m'chipinda chija
atakambirana za dziko limene sanalipondepo,
za malire ake, za msonkho wake.
Mmodzi waima pomwe ndaima inepa,
wayang'ana nkhope yomweyi,
wati, anzanga, tachedwa ku chakudya.
Chaka chomwecho agogo a bambo anga
ananyamuka wapansi ulendo wa ku Halale
kukasaka masheleni a msonkho wa nyumba.
Sanabwereko.
Wotchi sinanjenjemere. Inangoti uku, uku.

Sindiida ayi.
Si iyo inakweza dzanja povota.
Ndi wantchito ngati ine,
imagwira onse atagona,
amaikumbuka pokhapokha ikalakwitsa.

Faifi koloko. Kunja chifunga chakuta mtsinje,
mabasi oyamba akubuula pamlatho.
Ndimawonjezera maola awiri, poti ino ndi nyengo yozizira:
ku Ntcheu ndi seveni,
Tiyanjane akumanga zingwe za nsapato zimene ndinatumiza,
mwina zayamba kale kumuthina.
Kenako ndimawonjezera mphindi zitatu za Tunnicliffe.

Ndimauzira mpweya pagalasi, ndimapukuta ndi kansalu.
Nkhope yanga imatulukira pamwamba pa manambala,
muvi wautali utandidula pakati pa mphumi.
Mwezi uno akampani achedwetsanso malipiro,
akuti fomu ili patebulo pa bwana wina.
Ndimauza wotchi motsitsa mawu,
Fitzroy asamve angayambitse nthano ina.
Ndimanyamula ndowa.
Khonde lachinayi likadali ndi mapazi a dzulo.