Bafa Lokha Ndi Langa

Tsiku losainira, ku banki ya mumsewu wa Piotrkowska,
a Grabiec anatipatsa khofi m'timakapu toyera
ndi cholembera chomangirira ku tcheni,
ngati kuti wakuba m'chipindamo akanakhala ife.
Mazloti zikwi mazana atatu, anatero,
zaka makumi atatu, seveni pa handiredi iliyonse.
Khutu langa linangotola nambala imodzi:
1,996 pamwezi.
Ndinaiyeza pa malipiro anga oyendetsa thiramu,
inalowa ngati nsapato yothina kuchala,
Lucjan nandifinya bondo kunsi kwa tebulo.

Makiyi anali ozizira. Ndinawapsompsona.

Zaka zisanu ndadzuka mdima usanang'ambike,
ndakokolola chipale pagalasi ndi manja osweka,
ndayendetsa anthu a ku Łódź akusinza chiimire,
ndipo pa teni paliponse banki yatapa zake
ine ndisanagule nkomwe buledi.
Sindinaphonye. Ngakhale mwezi umene Lucjan anathyoka mwendo
tinadya mbatatesi ndi kabichi mpaka lilime kuiwala nyama,
koma sindinaphonye.

Dzulo Kinga wabwera ndi samu za kusukulu.
Amayi, akufuna chitsanzo chenicheni cha chiwongoladzanja.
Ndinatsitsa fayilo pamwamba pa firiji,
ndinapukuta fumbi, monyadira ndithu.

Mwana anawerenga chala chili pamzere.
Mwezi woyamba munapereka 1,996.
Inde.
Pamenepo 1,750 inali ya banki chabe,
yolipira kuti anakubwerekani.
Ku ngongole yeniyeniyo kunapita 246.

Ndinati bwereza.
Anabwereza, pang'onopang'ono, ngati akuwerengera wodwala kalata.

Miyezi makumi asanu ndi limodzi,
pafupifupi zikwi 120 zatuluka m'manja mwangamu,
ngongole yatsika ndi zikwi khumi ndi zisanu ndi ziwiri
ndi kakusiya.
Ndinkati ndikugumula phiri,
ndinkangopalira udzu umene umamerapo usiku.

Kinga anayeza nyumba ndi mapazi,
kuchokera pakhomo mpaka pazenera la kukhitchini,
anagawa, nachulukitsa, naseka:
Amayi, mwagula bafa.
Bafa lokha, chitseko chake ndi pompi wodontha uja.
Pogona panu mpa a Grabiec.

Nanga pofika kumapeto?
Zikwi 718.
Nyumba ziwiri ndi kachidutswa ka yachitatu.
Imodzi tikhalamo ife,
zinazo sitidzaona ngakhale utoto wa makoma ake.
Ndipo mpaka chaka cha makumi awiri
chiwongoladzanja chidzadya mbali yaikulu ya mbale,
ngongole n'kumanyambita zotsala.
Pamenepo n'kuti seveni uja atakhala phee osakwera,
chinthu chimene tsamba la naini silinalonjeze.

Sanatinamize. Ndicho chikundiwawa.
Zonse zinalipo, m'timizere tating'ono,
ine ndinali kalikiliki kusankha makatani m'mutu.

Sindikuti ndikanakana.
Lendi nayonso ndi dzenje, ndaponyamo zaka khumi
kwa mayi wina amene ankawerenga misomali pakhoma.
Koma ndikanafunsa funso lachiwiri lija,
losati "pamwezi ndi zingati"
koma "zonse pamodzi, ndikadzachita imvi, ndi zingati".

Kinga akuti mazana awiri oonjezera mwezi uliwonse,
oponyedwa pamutu pa ngongole penipeni,
angadule zaka zingapo kumchira.
Mazana awiri ndi Loweruka limodzi pa thiramu.
Ndi nsapato zake za m'nyengo yozizira.
Sindinamuyankhe.

Usiku onse atagona ndinalowa m'bafa,
ndinakhoma chitseko changa,
ndinakhala pamphepete pa beseni langa
kumvetsera pompi akudontha, tho, tho,
dontho lililonse likugwera m'dziko langa
la masitepe atatu m'litali, awiri m'lifupi.

Mawa ndigula labala watsopano wa pompiyu.
Kenako ndipita kwa a Grabiec
ndi cholembera changachanga.