Muzu wa Kutali

Magetsi athima ku Kalingalinga.
Ndikuwerenga ndi tochi ya foni
za muzu wa kava, wa ku zilumba
zomwe sindidzazipondapo.

Buku likuti umayamba ndi lilime,
limachita dzanzi.
Kenako timadzi take timakwera ku ubongo
n'kuuza mitsempha kuti khalani pansi,
ngati kondakitala woletsa mkangano
m'basi ya ku Matero.
Minofu imamasuka, nkhawa imagwa mphwayi.

M'munsi mwake, tizilembo tating'ono:
chenjerani ndi chiwindi.
Mtendere nawo ulibe waulere.

Kuseri kwa khoma a Mwatitha akugubuduka pabedi,
akuwerengera lendi mokweza.
Mayeso ndi mawa m'mawa.
Ndadula mzere pansi pa mawu akuti bata,
ndadulanso,
mpaka pepala labooka.