Loko wa Eni

Kabokosi ka magemu kanapsa Lachitatu,
magetsi atabwerera mwaukali ngati mwini ngongole.
Fungo la waya linadzaza shopu yanga ku Chinamwali.
Ana anangoima pakhomo,
makwacha awo akunyowa m'manja.

Achimwene Bisalomu anakagula ku Joni
ndi thukuta la pagalaja.
Magemu asanu ndi atatu ndili nawo,
lisiti ndinalipinda m'Baibulo, pa Miyambo.

Akuti laputopu yakaleyi itha kuvala nkhope ya malemu,
kuyankhula mawu ake, kuthamangitsa timagalimoto take.
Ndinayesa. Inangondifunsa chimodzi: kiyi.
Osati wachitsulo, wosulitsa kumsika,
koma mzere wa zilembo ndi manambala
wogona m'mimba mwa kabokosi kopsa.

Ndaziona, wophunzira malamulo ku Chanko,
anabwera kudzatchaja foni.
Akuti, achimwene, nyumba ndi yanu
koma loko ndi wa eni.
Maiko ena kuthyola loko ndi mlandu
ngakhale mbale zonse m'katimo zili zanu.

Nanga kuno?
Anakanda m'mutu.

Nanga ndikamusolola ndekha m'mtembo wangawu?
Akuti pamenepo maloya amakangana mpaka kuuma malovu.

Nanga ndikabwereka wa mnyamata wa ku Matawale,
amene amayenda nawo pa fulashi ngati mtedza m'thumba?
Sanayankhe. Anangoloza ndi milomo
mbali imene kuli ndende yaikulu,
kenako anaseka, koma pang'ono.

Usiku uno mvula yatsika m'phiri,
ikumenya malata ngati ikufunsa chiphaso.
Eni kiyi ali kutsidya kwa nyanja zamchere,
sadziwa ngati Chinamwali ndi malo kapena mwambo.
Sitolo yawo ilibe khomo loyang'ana kuno.
Ndikumvetsa, anthu anagona ndi njala pojambula magemuwa,
wolima amafuna kukolola.
Koma ine ndinalipira kale.
Ndaba chiyani, kwa yani, ndikatsegula changa?

Fulashi ija ili patebulo,
yaing'ono ngati chala cha khanda.
Sindinailowetse. Sindinaibweze.

Mawa, sukulu ikaweruka,
kabwera kamtsikana ka Che Amidu
kamene kanasiya galimoto lofiira pakona yomaliza,
kali patsogolo pa anyamata onse,
magetsi asanachite zawo.
Kadzafunsa, ankolo, galimoto langa lilipobe?

Lilipo, mwanawe.
Laima kuseri kwa chitseko,
injini ikulira.