Sitima Yosamwa Mafuta

Foni inalira ndili pakati pomata chubu,
manja ali bii ndi girisi, pamsika wa Kapata,
malaiti atapita tambala asanalire.
Anali Tikambenji, mwana wanga wachiwiri,
uja anapita kusukulu kudziko lozizira
kumene mpweya wa m'kamwa umaoneka ngati utsi.
Akuti: Atate, lero atilowetsa m'sitima ya pamadzi
yosamwa dizilo.

Ndinati bwereza, netiweki ikudula.
Akuti siikudula, mwamva bwino.
Imayenda zaka osaima kuti imwe,
imang'amba nyanja youma gwa ndi chisanu
monga khasu la ng'ombe mvula yoyamba itagwa.
Zina ndi za asilikali, zimamira dala,
miyezi ingapo osaona dzuwa.

Ine nyanja sindinaione.
Madzi anga aakulu ndi damu la Lutembwe,
madzi oundana ndimawadziwa m'timapepala ta ana asukulu.
Ndinapukuta manja pabuluku. Nanga imadya chiyani?

Akuti m'mimba mwake muli timiyala ta yureniyamu,
kamodzi kukula ngati nsonga ya chala,
totsekeredwa m'zitsulo zokhuthala.
Timbewu take tosaoneka ndi maso timasweka,
kena kaswa kanzake, kanzakeko kaswa kena,
kutentha kwake kuwiritsa madzi,
nthunzi n'kupukusa gudumu,
gudumu n'kupalasa nyanja.

Ndiye ndi ketulo basi? ndinatero.
Anaseka mpaka kutsokomola,
kuseka kwa malemu amake kwenikweni.

A Shanzi, ogulitsa petulo m'zigubu pamsewu wa ku Mwami,
anali pabenchi kudikira njinga yawo.
Analavula pansi. Bodza ilo.
Choyenda chilichonse chimadya,
chodya chilichonse chimapita kuthengo.
Sindinawatsutse.
Miyendo iyi inakwezapo matumba atatu a makala
pachitunda cha ku Kanjala,
ndikudziwa mtengo wake wa mtunda uliwonse.

Choncho ndinafunsa za phulusa.
Mbaula iliyonse ili ndi phulusa lake, mwanawe,
lanulo mumataya kudzala liti?

Foni inangoti zii.
Ndinayesa mayunitsi atha.
Kenaka akuti: limenelo silitayidwa, Atate.
Limakhala likuotcha mwakachetechete,
osafuka, osanunkha,
adzukulu a adzukulu anu atapita kale kumanda.
Timalitsekera, timalilondera,
timalemba m'mabuku kuti obwera asadzafukule.
Ndiyo ntchito ndikuphunzirayi,
kuweta moto woti sungauzime ndi ndowa.

Walira mvula walira matope,
anatero a Shanzi, akutokosa m'mano ndi kachitsotso.

Usiku ku Navutika kunali mdima wa masiku onse.
Ndinagona chagada n'kumawerenga:
kamwala kamodzi kangayatse nyumba zingati kuno,
chigayo cha a Nyendwa chingagaye zaka zingati,
wodi ya amayi kuchipatala, firiji ya mankhwala.
Ndinawerenga mpaka ndinasokoneza.
Koma chinandilanda tulo si chimenecho.

Njinga imaboola tayala, n'chifukwa chake ine ndimadya.
Basi ya ku Lusaka imamva ludzu,
imaima, anthu atsika, agula nthochi, apatsana moni.
Ngakhale ng'ombe imabwerera kukhola chifukwa cha njala ya mwana wake.
Nanga chinthu chosamva ludzu
chidzakocheza padoko kudzafuna chiyani?
Mwana wanga akakwera chimenecho,
adzatsikira pati?

M'mawa ndinamuimbira kuti ndimufunse.
Anayankha ali m'kalasi, akunong'ona.
Ndinangoti uzivala juzi ziwiri.

Ndinabwerera kuchubu chija cha dzulo,
kuchipopa, kuchimiza m'beseni,
kuchitembenuza pang'onopang'ono pansi pa madzi
mpaka tithovu tinayamba kukwera,
kamodzi, kena, kenanso,
kuchokera pakabowo kosaoneka ndi maso.