Kuweta Chinjoka ku Turffontein

Choyamba, sunthani tebulo.
Chipinda chathu n'chochepa ngati thumba la malaya,
choncho matiresi aimirire kukhoma,
ketulo ibisale pansi pa mpando.
Akulamula ndi Mwandida, mwana wa mlongo wanga,
wazaka zisanu ndi zinayi, wobadwira konkuno,
amene Chichewa chake chimatsimphina mwendo umodzi.

Kamakinako ndinakagula ku Jules Street,
mwini wake atakapinyolitsa osabweranso.
Kali ndi diso limodzi pamwamba pa kanema.
Palibe chogwira m'manja, palibe batani.
Thupi lako ndilo chiwongolero.

"Imani apa, malume, disolo likuoneni.
Kwezani manja."

Ndinakweza asanamalize kunena.
Manja awa anaphunzira kale
pa Bree, Lachisanu lina madzulo,
wapolisi akutembenuza pasipoti yanga
ngati akuwotcha chimanga.
Mwandida anaseka: "Osati ngati mwaba.
Momasuka."

Kenako chimatuluka m'phanga chinjokacho,
mamba obiriwira, mapiko ngati zitseko za galaja,
utsi tolotolo m'mphuno.
Apa lamulo n'limodzi: usathawe.
Ukabwerera m'mbuyo chimalavula moto,
kanema yense psuu, n'kuyambiranso.
Tsiku loyamba ndinapsa kasanu ndi kawiri.

Tambasula dzanja limodzi, chikhatho kumwamba,
pang'onopang'ono, ngati ukufunsa chenje
kwa dalaivala wa takisi amene wadzuka ndi mkwiyo.
Usachiyang'ane m'maso. Werama pang'ono.
Chikayamba kukununkhiza, pumira m'kati.

Izi sanandiphunzitse ndi mwana.
Zaka khumi ndi chimodzi ndakhala ndikuima chotere
pageti la eni ake ku Northcliff,
fosholo paphewa, agalu awiri pamawondo,
kudikira kuti andikumbukire.

Chimafuna chakudya: ponya nsomba m'mwamba.
Ine ndinaponya ndi mtima wonse, n'kuswa babu.
Chimafunanso dzina.
Ndinachitcha Sakhuta.

Chikagwada, pinda mawondo, lumpha kamodzi,
kamodzi kokha,
chifukwa pansi pathu pamagona MaSithebe
amene amachezera kuchipatala usiku,
ndipo tsache lake limadziwa kugogoda denga.

Ndiye kuuluka.
Tambasula manja onse awiri.
Ukapendekera kumanzere, chikhota kumanzere.
Ukawerama, chitsika ngati kabawi waona mwanapiye.
Ukakupiza, chikwera,
kupyola mitambo, kupyola mapiri amene sindiwadziwa dzina,
ndipo ine, bambo wa imvi m'ndevu,
m'masokosi obooka chala chachikulu,
ndikukupiza pakati pa firiji ndi chitseko,
thukuta lili kamukamu,
ndikufuula mawu amene ndinkaganiza kuti ndinawasiya ku Ntcheu.

Ndinafunsa ndili m'mwambamo:
kodi chingawoloke Limpopo?
Pa Beitbridge chimaima pamzere?
"Dziko lake limathera apo, malume.
Mukafika kumapeto chimatembenuka chokha."
Ndinayesabe. Chinatembenukadi.

Nthawi itangokwana eyiti magetsi thi.
Ndinatsala mumdima manja ali tambalale,
mapewa akuyaka moto umene chinjoka sichinalavule.
Kunja majenereta anayamba kutsokomola mmodzimmodzi,
galimoto ya apolisi ikulira chakutali ku Rosettenville.

"Sitinasunge," anatero Mwandida, akufufuza kandulo.
"Mawa sichikudziwani. Muyambiranso kuphanga kuja."

Palibe kanthu, mwana wa mlongo wanga.
Chilombo choiwala nkhope ndachizolowera.

Tinabweza tebulo, tinagwetsa matiresi.
Iye anagona mapazi ali kunja kwa bulangete.
Ine ndinatchera foni hafu folo,
n'kutsala ndikuyeserera mumdimamo
kutambasula dzanja, chikhatho kumwamba,
osanjenjemera.