Kalendala ya ku Oskarel

Chaka chathu chinagwa pa nsanja ya belu,
phwaa! ngati mbale yadothi.
Ena amati ndinali ndisanabadwe,
ena amati ndinali pomwepo, ndikuyamwa chala.
Onsewo sanama.

Ine Ilvane, mwana wa wosula mabelu,
ntchito yanga ndi kutola mapale ake.
Amandilipira mchere ndi ubweya wa nkhosa.
Lemba, Temmu, inki isanaume.

Mwezi woyamba ndi Chiphale.
Kumtunda kwa mlatho uli ndi masiku khumi ndi anayi,
kumunsi makumi atatu ndi limodzi.
Ganyu kagwire kumtunda,
ngongole katenge kumunsi.

Wachiwiri ndi Bwereza, wobwera kawiri.
Chimene wanena ulendo woyamba
udzachinenanso, mawu omwewo, malovu omwewo.
N'chifukwa chake mu Bwereza sitiika maliro,
ndipo okwatirana akapsetsana mtima
amadzaza buledi m'kamwa.

Wachitatu tinautaya.
Siya tsamba loyera.
Asodzi a kunyanja ya ayezi amati anauona
ukuyandama, maluwa ake ali mbuu,
koma asodzi amaona zambiri.

Palinso masiku amasiye, opanda mwezi,
olowa mumzinda ngati agalu osochera:
Lachinayi lonyowa,
m'mawa wa chipale chofewa balere ali pafupi kucha.
Usawapirikitse.
Alembe m'mphepete ndi inki yofiira.

Tsono Chambuyo.
Phulusa limasanduka nkhuni,
mkaka umabwerera m'mawere a nkhosa,
nkhalamba zimapeza mano awo pansi pa pilo.
Mabala amatseguka kaye asanafufutike.
Achinyamata amaukonda, amati ndi mwezi wa masewera,
koma amayi a makanda sagona,
amawerenga pa zala, amawerenganso,
kuopa kuti mwezi ungatalike
kuposa masiku a mwana.

Mwana wanga Ysmel amakhala msewu wa osoka nsapato,
kumene nthawi imathamanga ngati yaba kanthu.
Ali ndi imvi kuposa ine.
Akaiwala amandiitana kuti mwana iwe,
nandikonzera kolala ya chikhoto,
ine n'kungomusiya.

Bwerera ku tsamba loyamba.
Tsiku lachisanu ndi chiwiri la Chiphale, waliona?
Tenga mpeni, udule theka la bokosilo.
Usandiyang'ane choncho, dula.

Tsiku limenelo Dorsk anapita kukagula mafuta a nyale.
Anavala nduwira yanga, yake itasowa,
anati ika madzi pamoto, sindichedwa.
Ali pakati pa mlatho tsiku linang'aluka,
theka linatsala kuno ndi ine ndi mimba,
theka linapita naye.
Kuno ndakolola balere kakhumi ndi kasanu ndi kanayi.
Kumeneko mwina akadanenerera mtengo,
paja munthuyo sagula kanthu osakangana.

Mapale amabwerera, ndawaonapo.
Chaka chatha, kapena chamawa,
madzulo a ukwati wa Hadrik wophika buledi
anagwa pamsika masanasana,
oyimba ndi zitoliro zawo, mkwatibwi akuseka,
Hadrik mwiniyo, wamasiye wa zaka zambiri,
ali chilili, ufa uli mbuu m'manja.
Anakhala nafe mphindi zochepa, basi.
Palibe anagula kanthu tsiku limenelo.

Akuluakulu a mzinda akufuna nambala
yoti adinde pachikuto:
chaka chili ndi masiku angati?
Lemba kuti okwanira.
Ayi, fufuta.
Lemba kuti sitinamalize kutola.

Bowo lija usalimate.
Theka likadzabwera lipeze malo ake,
lisadzaime pakhomo ngati mlendo
kufunsa ngati pano m'pomwe.

Belu lalira kasanu ndi kawiri, ndiye kuti ndi usiku,
kapena kwa anansi athu okha.
Pukuta cholembera.
Potuluka usuzumire ketulo:
madzi aja aphwanso,
thiramo ena.