Wodzoza Mafuta pa Nsanja ya Domwe

Ntchito yanga ndi ya mafuta a nsatsi.
M'bandakucha ndimakwera makwerero mazana atatu,
nsupa m'khosi, nthenga ya khungubwe pakamwa,
kukadzoza mtanda wachitsulo
pamene mapiko asanu ndi awiri amazungulira.
Ndikachedwa, nsanja imalira ngati chitseko chakale
ndipo Ulongwe yense amadziwa kuti Kadzamira wagonereza.

Anaimanga ndi osula a mbumba ya Mpinganjira
m'zaka zija dziko lino linkakhoma msonkho wa mpweya.
Munthu akakula, mawu ake nakhazikika,
amasankha chikho chouma, nachibowola pang'onopang'ono
mpaka chilire monga iye mwini,
nachitseka ndi chitsononkho, nachimangirira ku phiko.
Tsiku la maliro ake timachotsa chitsononkhocho.
Basi. Mwambo wonse ndi umenewo.

Mwera ukathawa ng'anjo ya ku Nyungwe
umakwera phiri uli wefuwefu,
nukankha mphasa za mapiko, nulowa m'zikho,
ndipo akufa athu amayamba kung'ung'udza,
aliyense pa liwu lake:
wa besi, wa kakhosi, wachibwibwi uja wa ku Tsangano
amene mpaka lero amachedwa kulowa.

Amalonda a mchere amaima m'munsi, makosi chagada.
Imapera mapira? Ayi.
Imatunga madzi? Ayi.
Nanga chitsulo chonsechi?
Ndimawapatsa madzi akumwa, ndiwaloze njira ya ku Zobwe.

Chaka cha dzombe mphepo inaima
masiku khumi ndi asanu ndi anayi.
Mapiko anangoti lende.
Anthu analephera tulo chifukwa cha zii,
makanda ankalira osadziwa chowasowa.
Usiku wina tinakwera tonse ndi malichero,
amayi, anyamata, ngakhale Chidothi wa mwendo umodzi,
nkumakupiza, nkumakupiza, thukuta kamukamu,
mpaka phiko limodzi linasuntha kutalika kwa chikhatho
ndipo chikho china chinatsokomola kamodzi.
Tinatsika tikukangana kuti anali bambo wa yani.
Mlandu umenewo sunathe.

Nachanza ali pa phiko lachinayi, chingwe chachitatu kuchokera kunsonga.
Ankalankhula msanga, ankaseka asanamalize nkhani,
ndipo chikho chake chinali chimodzimodzi:
kamphepo kakang'ono, iye wayamba kale.
Matalala a mwezi watha anaching'amba m'mbali.
Lamulo likuti wodzoza akhudze chitsulo chokha;
chikho chikasweka, mwiniwake wamaliza kunena.
Ine ndinakwera usiku ndi phula la njuchi m'tsaya,
ndinalitafuna mpaka kufewa,
ndinamata mng'aluwo ndi chala chonjenjemera.

Tsopano akulira, inde,
koma motsika, ngati wodwala chimfine,
ngati mkazi wina amene ndinakumana naye pa msika kamodzi.
Mng'ono wake anandiima pa chitsime dzana,
nandiyang'ana nthawi yaitali, mtsuko pamutu.
Anati, Achemwali asasa mawu masiku ano.
Ndinati, Ndi chisanu.
Anati, Eya, ndi chisanu,
napita osatembenuka.

Changa chili pa phiko lomwelo, zingwe ziwiri m'munsi mwake,
chitsononkho chikadali pakamwa.
Ndikamadzoza ndimachiona chikugwedezeka,
chodzaza ndi zonse zimene sindinanene.
Mawondo ayamba kuwerenga makwerero mokweza.
Mnyamata amene andipatsa kuti ndimuphunzitse,
Tsoka mwana wa Gwirize,
amathira mafuta ambiri, amaopa kuyang'ana pansi,
koma makutu ali nawo.
Dzulo anaima pakati pa makwerero, nati,
Wina pa phiko lachinayi akulankhula ndi mawu obwereka.

Ndinamupatsa nthenga.
Ndinati, Dzoza, mphepo ikubwera.